Majisitireti akagamula za lendi, angabweze mawu ake?

Makalata atatu a mwezi uno onse achokera kuno ku Harare, ndipo akufunsa chinthu chimodzi ngakhale eni ake sadziwana. Ndawadula pang'ono kuti akwane. Woyankha ndine Mbewe yemwe uja, amene ndinakalambira pa ntchito yomasulira mawu m'makhoti.

Kalata yoyamba

A Mbewe, ine ndimachita lendi zipinda ziwiri kuseri kwa nyumba ya landilodi ku Mufakose, madola 120 pamwezi. Mu Juni ndinapita kumudzi ku Dedza kumaliro a mayi anga aang'ono, ndipo ndinakhalako mpaka titameta. Ndisananyamuke ndinasiya lendi ya miyezi iwiri m'manja mwa akazi a landilodi, iwo n'kusaina m'kabuku. Pobwera ndapeza pepala la mesenja wa khoti pachitseko loti ndituluke, ati khoti linagamula kale kuti ndili ndi ngongole ya miyezi itatu. Chisamani sindinachione ndi maso anga. Mwana wanga akuti kunabwera bambo wina amene anasiya envelopu kwa mwana wamkazi wa landilodi. Anzanga a ku sosaite ya maliro akuti khoti likagamula lagamula basi, ndingoyamba kufuna kwina. Kodi n'kutheka kubwerera kwa majisitireti yemweyo kuti aunikenso?

Nabanda, Mufakose

Yankho

Mayi Nabanda, pepani ndi zovutazo. Anzanu a ku sosaite sananame, kungoti sanamalize. Lamulo lalikulu ndi lomwelo: majisitireti akamva mbali zonse ziwiri n'kupereka chigamulo, ntchito yake pa mlandu umenewo yatha. Ngakhale atagona usiku n'kuzindikira kuti analakwitsa, sangaitanitse fayilo m'mawa kuti afufute zimene analemba. Ife oleredwa kumudzi zimenezi zimatidabwitsa, chifukwa kubwalo la amfumu ukaluza Lachiwiri umatha kubwerako Loweruka ndi amalume ako, amfumu n'kuitananso nduna zawo, nkhani n'kuyambiranso. Paja timati mlandu suola. Kwa majisitireti mlandu umaola, ndipo umaola msanga, chifukwa chilichonse chili ndi masiku ake owerengedwa.

Lamuloli ine ndimaliikira kumbuyo. Khoti likanamaloledwa kusintha maganizo nthawi iliyonse, wopindula sakanakhala inu maroja, anthu ochita lendi. Akanapindula ndi munthu wa ndalama amene angathe kubwera ndi loya sabata iliyonse mpaka atamva mawu omukomera, ndipo anthu akanamadikirira majisitireti pagalimoto lake. Wopambana ayenera kudziwa kuti wapambanadi, woluza adziwe kuti njira yake ndi yokwera kukhoti lalikulu.

Koma lamulo lomwelo linasiya mipata yopapatiza, ndipo inu muli pa mpata waukulu kuposa yonse. Gawo 39 la Magistrates Court Act, lamulo loyendetsera makhoti a majisitireti, limalola khoti kufafaniza kapena kusintha chigamulo chake pa milandu imene si yaupandu ngati chinaperekedwa munthu wogamulidwayo palibe, ngati chinali chopanda mphamvu kuyambira pachiyambi, ngati chinapezedwa mwachinyengo kapena chifukwa cha kulakwitsa kumene mbali zonse ziwiri zinagwamo, komanso limalola kukonza zolakwika zoonekeratu ngati palibe apilo imene ikudikira. Chigamulo chanu chinaperekedwa inu kulibe. Majisitireti sanamve mawu anu n'kuwakana, anangoona kuti masiku olembedwa pachisamani atha ndipo palibe amene wayankha, n'kupatsa landilodi zimene anapempha. Chigamulo chotere khoti lomwelo likhoza kuchifafaniza.

Tsono mvetsetsani za masiku. Malamulo a khoti la majisitireti amakupatsani mwezi umodzi kuchokera tsiku limene munadziwa za chigamulo. Vuto ndi lakuti khoti limayamba ndi kuganiza kuti munadziwa patangopita masiku awiri chigamulo chitaperekedwa, ndipo ndi inu amene muyenera kusonyeza kuti sizinali choncho. Apa pasipoti yanu ndi mboni yabwino kuposa mnansi aliyense. Zidindo za pachipata cha malire cha Nyamapanda ndi za pachipata cha Dedza zikunena tsiku limene munatuluka ndi limene munalowanso. Jambulitsani masamba amenewo, tikiti ya basi ngati simunataye, ndi tsamba la kabuku pamene akazi a landilodi anasaina. Kabuku kenikeniko musapatse munthu aliyense, ngakhale atanena kuti akungofuna kukaonetsa amuna awo. Mwezi ukadutsa khomo silitsekekeratu, koma mudzayenera kuyamba mwapempha chikhululuko cha kuchedwa, ndipo khoti likhoza kukana.

Mawa lomwe pitani kukhoti limene dzina lake lili papepala la mesenja, mukapereke nambala ya mlandu kwa kalaliki, mupemphe kuona fayilo. Mukaone zinthu ziwiri: chimene landilodi analemba m'chisamani, ndi kapepala kamene mesenja analembapo mmene anaperekera chisamanicho. Lamulo limalola mesenja kusiya chisamani kwa munthu wamkulu amene wampeza pakhomo, kotero musakataye nthawi kunena kuti sanakupatseni pamanja. Nenani chimene chili ndi mphamvu: munthu amene analandira ndi mwana wa wokusumirani, ndipo chikalatacho sichinakufikeni. M'nyumba za ku Mufakose, Mbare ndi Mabvuku, mmene mwini nyumba ndi maroja amalowera geti limodzi, zimenezi ndinaziona kawirikawiri, ndipo majisitireti wanzeru amazimvetsa.

Pempho lanu limapita limodzi ndi chikalata cholumbira, ndipo chikalatacho chiyenera kuyankha mafunso awiri. Loyamba: n'chifukwa chiyani simunayankhe chisamani? Khoti likaona kuti munajomba dala, pempho lathera pomwepo. Lachiwiri: nanga mlandu ukatsegulidwanso, muli ndi chonena? Apa ndi pamene ambiri amagwera. Amalemba masamba atatu ofotokoza za maliro, za ulendo, za ana amene alibe kogona, n'kuiwala kunena za ngongoleyo. Majisitireti angamve chisoni, koma sangatsegule mlandu umene akuona kuti udzathera pomwe unathera kale. Lembani mwachindunji kuti pa tsiku lakuti munapereka madola 240 kwa auje, iwo anasaina, umboni nawu. Ndipo poti landilodi akunena miyezi itatu pamene inu mwatchula iwiri, mwezi wachitatuwo muufotokozenso. Ngati munalipira, sonyezani. Ngati simunalipire, vomerani n'kunena kuti ndalama zilipo. Kubisa kanthu kamodzi kotere kumachititsa kuti zoona zanu zonse zikayikiridwe.

Chinthu china chimene chaliritsa anthu ambiri: kupereka pempho lofafaniza chigamulo sikuimitsa mesenja. Iye ali ndi chikalata cha khoti m'manja, ndipo chimene chingamuimitse ndi chikalata china cha khoti, osati pepala lanu lodindidwa ndi kalaliki. Choncho tsiku lomwelo perekaninso pempho lachiwiri, lamsangamsanga, loti kutulutsidwa kwanu kuimitsidwe kufikira pempho loyambalo litamvedwa. Likaloledwa, onetsetsani kuti lafika ku ofesi ya mesenja, musangoliika m'chikwama.

Pamene mukudikira, pitirizani kulipira lendi pa tsiku lake. Malamulo a lendi a 2007, amene maloya amawatchula kuti Statutory Instrument 32, amateteza munthu amene pangano lake latha koma akupitiriza kulipira pasanathe masiku 7 kuchokera tsiku lolipira ndi kusunga zina zonse za pangano. Mukasiya kulipira chifukwa cha mkwiyo, mwapatsa landilodi mlandu watsopano, ndipo umenewo ndi woona. Akakana kulandira pamanja, tumizani pafoni kuti pakhale uthenga wa tsiku ndi ndalama zake. Landilodi mwiniyo alibe mphamvu yokutulutsani ndi manja ake. Gawo 74 la malamulo aakulu a dziko lino la Zimbabwe a 2013 likuti palibe munthu angatulutsidwe pakhomo pake popanda chilolezo cha khoti, ndipo ngakhale chilolezo chilipo, wotulutsa ndi mesenja. Kuzula chitseko, kutseka madzi kapena kuponya katundu panja ndi kudzigamulira mlandu, ndipo khoti limalamula kuti munthu abwezeretsedwe mmene analili.

Pempho likaloledwa musaphike thobwa. Simunapambane mlandu, mwangobwezedwa pamene mukanayambira chisamani chikanakufikani, ndipo muyenera kupereka yankho lanu m'masiku amene khoti lidzanene. Ngati loya simungamukwanitse, yambani ku Legal Aid Directorate, ofesi ya boma yothandiza osowa, kapena ku Legal Resources Foundation, bungwe lomwe si la boma lothandiza anthu pa za malamulo. Anyamata oima pageti la khoti amene amati akulemberani mapepala pa madola khumi, apatseni moni n'kudutsa. Ndipo ngati Chingerezi kapena Chishona chimakuthawani mukakhala ndi mantha, uzani kalaliki msanga kuti mudzafuna womasulira. Chichewa chili m'gulu la zilankhulo 16 zovomerezedwa ndi malamulo aakulu a Zimbabwe, palibe chochitira manyazi.

Kalata yachiwiri

Achimwene a Mbewe, ine mlandu wanga ndinalipo. Landilodi wanga ku Dzivarasekwa anati ndili ndi ngongole ya madola 360, ine ndinati ndinalipira koma malisiti sindinawapeze. Majisitireti anandidula mawu kangapo, n'kugamula kuti ndilipire ndi kutuluka. Patapita masiku ochepa akazi anga apeza malisitiwo m'sutikesi ya zovala za ku mpingo, osainidwa ndi landilodi yemweyo. Ndikufuna kulemba kalata kwa majisitireti uja, ndiikemo malisiti, kuti aone kuti analakwitsa. Kalatayo ndiilembe bwanji?

Phiri, Dzivarasekwa

Yankho

A Phiri, kalatayo musalembe. Majisitireti saloledwa kumva mbali imodzi mseri, ndipo ngakhale atawerenga n'kukhulupirira, alibe mphamvu yosintha chigamulo chifukwa cha kalata. Masiku amene mudzakhale mukudikira yankho lake ndi masiku anu a apilo amene akutha. Nkhani yanu yasiyana ndi ya Mayi Nabanda pa chinthu chimodzi chokha, koma chachikulu: inu munalipo, munalankhula, khoti linakumvani n'kukana.

Njira zanu zokwera ku High Court, khoti lalikulu lija, ndi ziwiri, ndipo si zofanana. Apilo imati majisitireti anamva mlandu moyenera koma anafika pa yankho lolakwika, kaya powerenga umboni kaya potanthauzira lamulo. Imeneyi iyenera kulembetsedwa pasanathe masiku 21 chigamulo chitaperekedwa. Musadalire zochotsera Loweruka ndi Lamlungu, werengani masiku onse pakalendala kuti mutsale ndi mpata. Njira yachiwiri ndi kupempha High Court kuti iunike mmene mlandu unayendetsedwera. Gawo 27 la High Court Act limatchula zifukwa zake: khoti linalibe mphamvu yomva mlanduwo, woweruza anali ndi mbali, kukondera kapena ziphuphu, kapena panali kusokonekera kwakukulu pa kayendetsedwe ka mlandu. Imeneyi ili ndi masabata 8.

Mwati anakudulani mawu. Ndinakhala pakati pa woweruza ndi oweruzidwa nthawi yaitali, ndipo ndikuuzeni mosapsatira kuti pafupifupi aliyense woluza amatuluka akunena zimenezo. Nthawi zambiri chimene chinadulidwa ndi mbiri ya mmene landilodi amazunzira ana kapena mmene chimbudzi chinagumukira, pamene funso linali loti ndalama munapereka liti. Kumeneko si kukondera. Koma ngati anakukanizani kufunsa landilodi mafunso, kapena kuitana mboni imene inali panja, kapena munapempha womasulira n'kukanizidwa, pamenepo pali nkhani. Zidzaoneka m'zolembedwa za mlandu, choncho pemphani kalaliki zolembedwazo pamodzi ndi zifukwa za chigamulo.

Tibwere ku malisiti. Apilo imaweruzidwa pa zimene zili m'fayilo, ndipo malisiti anu mulibe. Khoti lalikulu limalola umboni watsopano mwa apo ndi apo, makamaka ngati munthu wasonyeza kuti sakanatha kuupeza pa nthawi ya mlandu ngakhale atafufuza mwakhama. Sutikesi ya m'chipinda chanu chogona ndi yovuta kuifotokoza motero. Komabe pali mpata wina, ndipo ndi wa kukhoti lomwe lija. Gawo 39 limene ndatchula pamwambapa limalola kufafaniza chigamulo chopezedwa mwachinyengo. Ngati landilodi analumbira kuti sanalandire kalikonse pamene malisiti ali ndi siginecha yake, miyezi yake ndi yomweyo ndipo ndalama zikugwirizana, loya angathe kupereka pempho lotere. Si nkhani yopepuka. Muyenera kusonyeza kuti ananama akudziwa, osati anangoiwala kapena kusokoneza miyezi, ndiponso kuti bodzalo ndi limene linabala chigamulo. Pempholi limapita poyera, landilodi amapatsidwa mapepala ndi mpata woyankha. Musaliyese nokha, ndipo musalole masiku a apilo adutse chifukwa mukuyembekezera limeneli.

Yang'ananinso pamutu pa mapepala anu. Ngati mlandu unamvedwa m'khoti la milandu ing'onoing'ono, Small Claims Court, kumeneko kulibe apilo, kwatsala kuunika kwa High Court kokha. Ndipo kaya mwasankha njira iti, pemphani mwapadera kuti kutulutsidwa kuimitsidwe.

Tsopano ndilankhule ngati mbale wanu. Mlandu wa madola 360 ukakwera ku High Court, ndalama za loya ndi zokonzera zolembedwa zikhoza kuposa ngongoleyo, ndipo mukaluza mudzalipiranso za mnzanu. Kumeneko mapepala amaperekedwa pa kompyuta masiku ano, si zongopita ndi envelopu. Wopambana mlandu sakakamizidwa kugwiritsa ntchito chigamulo chake. Tengani zithunzi za malisiti, mutengenso mkulu wa mpingo kapena wapampando wa sosaite, mukakhale pansi ndi landilodi. Munthu amene waona siginecha yake pa lisiti limene anakana atalumbira amafewa msanga, chifukwa akudziwa kuti kunama m'khoti ndi mlandu wa polisi. Musamuopseze, ingomuonetsani. Mukagwirizana kuti ngongole yafafanizidwa ndipo mutuluka pa tsiku lakuti, zilembedwe, nonse musaine pamaso pa mboni, ndipo iye akauze mesenja molemba. Zonsezi zichitike sabata ino, apilo idakali yotheka.

Kalata yachitatu

Mwana wanga Mbewe, ine ndine wamasiye, ndimadya za lendi ya nyumba imene anandisiyira malemu ku Highfield. Ndinapambana mlandu ndi roja amene sanalipire, koma pachigamulo analemba nambala ya nyumba mosemphanitsa, 1524 m'malo mwa 1542, ndipo mesenja akukana kupita. Kodi ndiyambirenso mlandu? Chinanso, roja wanga wina anandisumira ku Rent Board, bungwe loona za mitengo ya lendi, zaka zapitazo, iwo n'kuika lendi imene ndiyenera kulandira. Panopa ndamangira chimbudzi cham'nyumba ndi kuika thanki ya madzi. Kodi mtengo umene anaika uja ndi wamuyaya?

Gogo Nazimbiri, Highfield

Yankho

Agogo, musayambirenso. Mesenja akuchita bwino kukana, chifukwa akatsatira pepalalo akatulutsa banja losalakwa. Koma cholakwika chotere ndi chija lamulo limati choonekeratu, ndipo khoti lomwelo likhoza kuchikonza ngati rojayo sanachite apilo. Perekani pempho lalifupi, muikemo pangano la lendi ndi pepala la khonsolo losonyeza nambala yeniyeni, ndipo rojayo adziwitsidwe. Yambani mwaona pamene nambala inasokonekera. Ngati chisamani chanu chinali ndi nambala yolondola ndipo wolemba chigamulo ndiye anasemphanitsa, nkhani ndi yaifupi. Ngati cholakwika chinayambira pachisamani, funsani kuti mesenja anachisiya khomo liti, chifukwa chikakhala kuti chinapita kwa eni 1524, roja wanu adzanena zimene akunena Mayi Nabanda, ndipo adzakhala ndi mfundo. Mpata umenewu ndi wokonzera dzanja limene linaterereka polemba. Simungaugwiritse ntchito kuwonjezera miyezi imene munaiwala kusumira kapena ndalama za mawindo osweka.

Za Rent Board ndi zina. Bungweli si khoti la majisitireti, ndipo mtengo wa lendi si mlandu wa zinthu zimene zinachitika kale n'kutha. Zinthu zikasintha, monga mwini nyumba akawonjezera chipinda kapena kukonza zazikulu, akhoza kupempha bungwelo kuti lisinthe mtengo umene linaika. Pamenepo simukunena kuti analakwitsa poyamba paja, mukunena kuti nyumba imene anaiikira mtengo si imene ilipo lero. Tengani malisiti a simenti, a mapaipi, a thanki ndi a mmisiri, ndi zithunzi za chimbudzicho. Kufikira atasintha, landirani mtengo wakale womwewo, musakweze nokha. Akakana ndipo simunakhutire, apilo ya chigamulo cha Rent Board imapita ku Administrative Court, khoti lomva apilo za zigamulo za mabungwe a boma, osati kwa majisitireti, ndipo tsiku lomwe mwalandira yankho lawo funsani mlembi wa bungwelo kuti muli ndi masiku angati.